Mwana wanga akukana kusewera kumbuyo, ndimuuze chiyani?

Bambo wa ku Chilomoni:
Akuluakulu, ndabwera ndi nkhani ya kunyumba. Mnyamata wanga wa zaka 14 anabwera dzulo kuchokera ku mpira nkhope ili gwaa, nsapato anaponya pakhonde, nsima osaikhudza. Akuti kochi wamuchotsa kutsogolo n'kumuika kumbuyo pa nambala 5, chifukwa watalika ndipo mipira ya m'mwamba amaitha. Iye akuti ngati zili choncho mpira wausiya. Anandifunsa kuti, "Adadi, munaonapo ndani atavala jezi ya difenda?" Maloto ake ndi Gabadinho Mhango, chigoli chija anachinya Morocco amachionera mwina kakhumi pa tsiku. Ine mpira ndimangoonera, wa timu sindinaumenyepo. Ndimuyankhe bwanji mwanayu?

Neba wa Manoma:
Achimwene, mwanayo sakunama. Ndalama zili kutsogolo. Kambiranani ndi kochiyo amubwezere pamalo pake.

Madala Nambala 5:
Dekhani kaye a Neba. Bambo wa ku Chilomoni, funso la mwana wanu lili ndi yankho, ndipo yankho lake lili ndi dzina: Lucas Radebe. Mumukhazike pansi madzulo ano mumuuze nkhani iyi monga ndikukuuziranimu.

Radebe anabadwa mu 1969 ku Diepkloof, ku Soweto, nthawi ya tsankho. Ali ndi zaka pafupifupi 15 makolo ake anaona kuti ziwawa zanyanya ndipo mwana angafere mumsewu, ndiye anamutumiza ku Bophuthatswana, dera limene boma la tsankho linapatulira anthu akuda. Kumeneko ankasewera mpira wa timu, ndipo malo ake anali pagolo. Inde, anali goloboyi. Kenako anamusuntha n'kumasewera pakati, ndipo Kaizer Chiefs itamutenga mu 1989 anadzakhazikika kumbuyo. Onani, munthu anasunthidwa kawiri konse asanapeze pamene anabadwira. Mwana wanu wangosunthidwa kamodzi.

Mu 1991 anamuwombera ndi mfuti ali m'galimoto. Chipolopolo chinalowa kumsana koma chinaphonya fupa la msana, ndipo amene anawombera sanadziwike. Anachira, n'kubwerera m'bwalo. Chaka chotsatira South Africa italoledwanso kusewera ndi mayiko ena, pa 7 July 1992 ku Durban, Bafana Bafana inagonjetsa Cameroon 1-0 ndi penate ya Doctor Khumalo, Radebe ali momwemo kumbuyo.

Wa ku Joni:
Madala mwandikumbutsa kutali. Kuno amamutchula kuti Rhoo. Ndimagwira ntchito ndi azibambo a ku Soweto amene anamuona akusewera ku Chiefs, ndipo chimene amatchula si mphamvu ayi, amati munthuyo sankapupuluma. Ndiwonjezere pa nkhani yopita ku England ija, chifukwa ndi imene ingamukhudze mwanayo. Mu 1994 Leeds United inkafuna Phil Masinga, wogoletsa. Radebe, monga anthu amafotokozera, anamutengerapo kuti Masinga asakasungulumwe kuchilendo, ndipo ndalama imene imatchulidwa ndi mapaundi 250,000 okha. Masinga anakhala zaka ziwiri n'kupita ku Switzerland, kenako ku Italy. Woperekeza uja ndi amene anakhala zaka 11, mpaka kukhala kaputeni.

Sindikunyoza Masinga, mzimu wake uuse mumtendere, anatisiya mu January 2019. Chigoli chake chochinya Congo mu 1997 ndi chimene chinatengera Bafana ku World Cup koyamba.

Neba wa Manoma:
Mwaona? Mwanena nokha. Chimene dziko likukumbukira ndi chigoli cha Masinga. Ndani akukumbukira mpira umene Radebe anachotsa tsiku limenelo? Ndipo ndifunseko, mu ligi ya ku England zaka 11 zonsezo anachinya zingati?

Madala Nambala 5:
Mu ligi sanachinye n'chimodzi chomwe, zimenezo sindibisa. Koma mu December 1999, mu UEFA Cup, Leeds inali ikutuluka m'manja mwa Spartak Moscow. Inagonja 2-1 masewero oyamba, ndipo achiwiri pa Elland Road, bwalo la Leeds, nthawi inali kutha zili 0-0. Anadzuka ndani n'kumenya ndi mutu? Radebe. Chigoli chimenecho chinawapititsa patsogolo, nyengo imeneyo anafika mu semifainolo n'kugonja kwa Galatasaray. Ndipo pa World Cup ya 2002 anachinya Spain ndi mutu, ngakhale anagonja 3-2. Difenda amachinya mwa apo ndi apo, n'chifukwa chake zigoli zake timaziwerenga pa zala n'kuzikumbukira zonse.

Achemwali a ku Leeds:
Ndilowererepo, poti ndikukhala mumzinda womwewo. Ndimagwira ntchito yosamalira okalamba kuno. Sabata yanga yoyamba, agogo ena aamuna anandifunsa kumene ndikuchokera. Nditati Malawi sanadziwe kuti ndi kuti, nditati kum'mwera kwa Africa nkhope inawala, n'kuyamba kundiuza za "The Chief", dzina limene amamutchula nalo Radebe kuno. Anandigwira dzanja mphindi zambiri akundifotokozera za tsiku limene goloboyi wa Leeds, Mark Beeney, anapatsidwa khadi yofiira pa Old Trafford, bwalo la Manchester United, mu 1996, Radebe n'kuvala magolovesi kulowa pagolo. Manchester United inavutika naye mpaka Roy Keane anadzachinya chimodzi chokha. Agogowo zambiri amaiwala, ngakhale chakudya chimene adya m'mawa, koma za tsiku limenelo amazifotokoza mwadongosolo.

Ndakumananso ndi anyamata awiri achizungu amene makolo awo anawapatsa dzina la Lucas chifukwa cha iyeyu. Ndiye funso la mwana wanu, bambo wa ku Chilomoni, lakuti ndani amavala jezi ya difenda, mumuuze kuti azakhali ake a pa gulu pano amaziona ndi maso. Anasiya mpira mu 2005 koma nambala 5 ya Radebe anthu akuyendabe nayo.

Bambo wa ku Chilomoni:
Zikomo achemwali. Izi ndimuwerengera momwe mwalembera.

Neba wa Manoma:
Chikondi cha masapota ndachimva, koma chikondi sichidyedwa. Tiyeni tinene zoona. Ku Leeds anatenga chikho chanji? Palibe. Zinkamveka kuti Manchester United ndi matimu a ku Italy ankamufuna, iye n'kukakamira pomwepo. Taonani Rio Ferdinand, difenda mnzake. Anabwera ku Leeds mu 2000 pa mapaundi 18 miliyoni, anatenga ukaputeni womwewo, mu 2002 anaona mphepo kumene ikulowera n'kupita ku United. Anakatenga ligi kasanu n'kamodzi ndi Champions League. Radebe anatsala m'nyumba ikupsa, mu 2004 Leeds inatuluka mu ligi iye ali momwemo. Kwa ine kumeneko kunali kulakwitsa, ndipo mwana wanga sindingamuphunzitse zimenezo.

Wa ku Joni:
Apa a Neba muli ndi mfundo, sindikutsutsani zonse. Koma nyumbayo sanayatse ndi osewera. Akuluakulu a timu, nthawi ya Peter Ridsdale, anakongola ndalama zambiri poganiza kuti azisewera Champions League chaka ndi chaka. Mu 2001 anafika mu semifainolo, Valencia inawatulutsa 3-0, ndipo mu ligi anathera pa nambala 4 pamene malo a Champions League anali atatu okha. Ndalama ija sinabwerenso, ngongole inatsala, n'kuyamba kugulitsa osewera mmodzimmodzi. Pamene Radebe ankakana kuchoka, Leeds inali pamwamba, mu 2000 inathera pa nambala 3. Sanasankhe kukhala m'nyumba yopsa, anasankha kukhala pamene anali kaputeni wa timu imene inkaopedwa ku Ulaya konse.

Madala Nambala 5:
Komanso chikho ali nacho, ndipo ndi chachikulu kuposa cha Ferdinand kwa ife a kuno. February 1996, fainolo ya Africa Cup of Nations pa FNB Stadium, South Africa 2 Tunisia 0, zigoli zonse za Mark Williams amene analowa kuchokera pa benchi. Mphunzitsi Clive Barker, kaputeni Neil Tovey, kumbuyo kuli Tovey, Mark Fish ndi Radebe. Ndipo dziwani kuti Radebe anabwera ku mpikisano umenewo atangochira kumene bondo limene linamugoneka miyezi yambiri. Ine fainoloyo ndinaonera kwa munthu wina amene anali ndi kanema, tinadzaza chipinda mpaka ena ankasuzumira pawindo. Mandela atavala jezi ya Bafana, ife tonse tinkaona ngati chikho chabwera kwathu.

Mandela yemweyo atapita ku Leeds anamutchula Radebe kuti ndi ngwazi yake. Munthu amene dziko lonse linkamutcha ngwazi, n'kuloza difenda. FIFA nayo inamupatsa mphoto ya Fair Play mu 2000, makamaka pa ntchito yake yolimbana ndi tsankho mu mpira ndi yothandiza ana.

Neba wa Manoma:
Za 1996 ndavomera. Koma pa nkhani yokana kusamuka sindinasinthe.

Kochi wa ana ku Mzuzu:
Pepani ndachedwa, ndinali ku bwalo. Mbiri mwaikamba bwino, ine ndikambe za ntchito yeniyeniyo, chifukwa mwana wa zaka 14 sungamugwire ndi mbiri yokha. Chimene chikumuwawa ndi choti akuganiza kuti kochi wamuona kuti satha mpira. M'makwalala mwathu zimakhala choncho: wodziwa kuchenga amapita kutsogolo, mwini mpira amasankha malo ake, wotsala ndi amene amamuuza kuti iwe kakhale kumbuyo uzingomenya. Ndiye mwana amakula akudziwa kuti kumbuyo ndi kotayirako anthu. Ife makochi tili ndi mlandu pamenepa, timangomusuntha mwana osamufotokozera.

Mumuuze izi. Wakutsogolo akaphonya kasanu n'kuchinya kamodzi, anthu amamunyamula. Wakumbuyo akachita bwino kasanu n'kulakwitsa kamodzi, timu yagonja. Ndiye kochi wanzeru saika mwana wosadalirika kumbuyo. Amaikako amene mutu wake umagwira ntchito mphindi zonse 90.

Ndipo pali zambiri zoti aphunzire. Choyamba chimene ndimaphunzitsa ana anga ndi kusagwa. Mwana aliyense akaikidwa kumbuyo amafuna kudziponya pansi kuti anthu akuwe, pamene pa mabwalo athu a fumbi ndi miyala ukadziponya kawiri ntchafu yasupuka. Ukagwa n'kuphonya mpira, watuluka m'masewero, mnzako watsala yekha ndi anthu awiri. Ima chammbali, mawondo opinda pang'ono, yang'ana mpira osati miyendo ya munthu, mukankhire kunja ku mzere kapena ku mwendo wake wofooka. Muchedwetse kufikira anzako atabwerera. Nthawi zambiri wakutsogolo ukamuchedwetsa amataya mpira yekha.

Chachiwiri ndi pakamwa. Nambala 5 amaona bwalo lonse patsogolo pake. Ndi amene amauza anzake kuti tulukani tisiye munthu pa ofusayidi, iwe tseka uko, goloboyi bwera. Difenda wachete ndi theka la difenda. N'chifukwa chake makaputeni ambiri amachokera kumbuyo.

Ndikaonera makanema akale a Radebe, chimene ndimaonetsa ana si pamene akulanda mpira, koma masekondi awiri asanalande. Amakhala atanyamuka kale mpira usanachoke kuphazi la woponya. Ndikuganiza kuti zaka zake za pagolo ndi pakati zinamuthandiza, ankadziwa chimene goloboyi amaopa ndi chimene wapakati akufuna kuchita. Mwana wanu naye ali ndi mwayi womwewo. Wakhala sitiraika, akudziwa kumene sitiraika amathawira.

Maule Mpaka Kale:
Kochi mwalasa. Koma anthuni, mpaka tipite ku Soweto ndi ku England ngati kwathu kulibe? Patrick Mabedi anachoka ku Bullets kupita ku Kaizer Chiefs yomweyo ya Radebe, n'kukavala lamba wa ukaputeni, Mmalawi. Mu 2001 Chiefs inatenga chikho cha Africa cha Cup Winners' Cup pogonjetsa Interclube ya ku Angola, ndipo penate yopambanira anamenya ndi Mabedi. Anatenganso ligi kawiri motsatizana, 2004 ndi 2005, mphunzitsi ali Ted Dumitru. Difenda ameneyo.

Nanga Peter Mponda? Pa 11 January 2010 ku Luanda, mu Africa Cup of Nations, Flames 3 Algeria 0, timu imene inali ikupita ku World Cup chaka chomwecho. Aliyense amatchula Russell Mwafulirwa ndi Davi Banda, koma chigoli chachiwiri chinali cha Elvis Kafoteka, wakumbuyo, ndi mutu. Ndipo ziro ija ya Algeria inagwa kumwamba? Kaputeni anali Mponda, pagolo Swadick Sanudi, mphunzitsi Kinnah Phiri. Titagonja kwa Angola 2-0 ndi kwa Mali 3-1 ndi pamene tinadziwa kuti ziro ndi chinthu chodula.

Onaninso kumene anthuwa anathera. Mabedi anadzaphunzitsa Flames. Mponda anatenga ligi ndi Silver Strikers mu 2024 ngati mphunzitsi. Munthu amene wakhala zaka akuwerenga masewero kuchokera kumbuyo, mpira ukatha m'miyendo umatsala m'mutu.

Wa ku Joni:
Za Mabedi ndi zoona, masapota akale a Chiefs ukanena kuti ndiwe Mmalawi dzina loyamba kutuluka ndi limenelo, ena amatchula Ernest Mtawali wa ku Bloemfontein Celtic.

Achemwali a ku Leeds:
Ngakhale ku mpira wa amayi vuto ndi lomweli. Tonse timanyadira Tabitha ndi Temwa Chawinga, ndipo n'koyenera. Koma Scorchers itatenga COSAFA mu 2023, ndi angati pa gulu pano angatchule amene ankatchinga kumbuyo? Ine ndemwe sindingathe, ndipo zimandichititsa manyazi. Ana amatengera zimene ife akuluakulu timakuwira.

Neba wa Manoma:
Ndiye mukugwirizana nane kuti dziko silimuona difenda. Wakumbuyo womaliza kutenga Ballon d'Or, mphoto ya wosewera wopambana onse pa chaka, ndi Fabio Cannavaro, 2006. Virgil van Dijk mu 2019 anachita zonse, Champions League anatenga, koma anapatsa Messi. Ine sindikuti ntchitoyo ndi yopanda pake. Ndikuti bambo asamunamize mwana kuti ulemu ndi wofanana.

Madala Nambala 5:
Pamenepo a Neba tagwirizana, asamunamize. Ndipo pali china chimene sitiyenera kubisa, thupi. Radebe mawondo ndi akakolo zinamuzunza kwambiri. Zaka zake zomaliza ku Leeds anakhala nthawi yaitali kwa madokotala kuposa m'bwalo, pali nyengo yathunthu imene sanasewere ligi, koma anadzikoka kuti akatsogolere Bafana ku World Cup ya 2002. Onjezerani maulendo a pandege pakati pa England ndi Africa, timu ikukoka uku dziko likukoka uku. Anasewerera dziko lake masewero 70, World Cup ziwiri ali kaputeni, 1998 ku France ndi 2002 ku Korea ndi Japan. Ya 2002 imandiwawabe: anafanana mphamvu ndi Paraguay 2-2, anagonjetsa Slovenia 1-0, ndipo anatuluka chifukwa Paraguay inawaposa ndi chigoli chimodzi pa zigoli zochinya.

Ine ndinasewera kumbuyo zaka zambiri m'matimu a m'maboma, osati a ligi yaikulu. Bondo langa lamanzere likamazizira limandikumbutsa. Nthawi imeneyo ukavulala ankangokuthira madzi n'kukuuza kuti dzuka ndiwe mwamuna, ndipo ndinasewera miyezi ndi bondo lotupa mpaka linatheratu. Bambo wa ku Chilomoni, mwana akadzati pakupweteka, mumumvere, apumule, apite kuchipatala. Ndipo sukulu asaisiye zivute zitani. Radebe atapuma mu 2005 anamukonzera masewero otsanzikana pa Elland Road, bwalo linadzaza. Ambiri a ife tinatsanzikana ndi mpira popanda wotiombera m'manja, tinangosiya kubwera ku bwalo. Komabe mutandibwezera zaka zija ndingasankhenso nambala 5. Palibe chokoma ngati kuona sitiraika amene anabwera akudzitama akusinthidwa mphindi ya 60 asanamenye mpira ndi umodzi womwe wolunjika pagolo, iwe ukudziwa kuti ndi ntchito yako, ngakhale wina asanene.

Wa ku Joni:
Moyo sunamusiyenso atapuma. Mkazi wake Feziwe anamwalira ndi khansa mu 2008, n'kumusiya ndi ana. Kuno anthu amamulemekezanso chifukwa cha mmene anapiririra pamenepo.

Kochi wa ana ku Mzuzu:
Bambo, chinthu chimodzi chomaliza. Musapite kwa kochi kukamenyera nkhondo mwana monga ananenera a Neba poyamba. Mupite naye limodzi, mwanayo afunse yekha kuti mwandiikiranji kumbuyo. Amve ndi makutu ake. Ndipo mupemphe kuti pa makona azimulola kukwera kutsogolo, njala ya chigoli ija isafe. Zaka 14 ndi zochepa, malo angadzasinthenso.

Neba wa Manoma:
Za makona ndagwirizana nazo. Akachinya ziwiri zitatu kochiyo adzaona yekha.

Bambo wa ku Chilomoni:
Ndabweranso akuluakulu. Lachinayi ndinamuwerengera zonse, kuyambira za chipolopolo mpaka za agogo a ku Leeds. Sanayankhe kanthu, anangofunsa kuti Radebe anali wamtali bwanji, kenako anatenga foni ya mayi ake n'kukhala nayo mpaka usiku. Lachisanu tinapita kwa kochi. Kochi anamuuza kuti pa ana onse ndi iye yekha amene amatembenuza mutu kuyang'ana kumbuyo mpira usanafike, ndipo za makona anavomera.

Dzulo anasewera nambala 5. Agonja 2-1. Chigoli choyamba chimene anachinyidwa unali mlandu wake, anadziponya pansi n'kuphonya, mnyamata anadutsa, ndendende zimene munanena a kochi a ku Mzuzu. Ntchafu yasupuka. Chigawo chachiwiri sanagwenso, ndipo ndinamumva akukuwira anzake kuti atuluke, mawu amene kunyumba sindinawamvepo. Pobwerera sanalankhule njira yonse, tikufika pa msika ndi pamene anati Loweruka likubwerali akufuna zotchingira miyendo chifukwa zake zija zinasweka. Alipo akudziwa kumene ndingapeze zolimba ku Limbe kapena mu Blantyre muno pa mtengo wabwino?

Maule Mpaka Kale:
Yesani pa kaunjika ku Limbe m'mawa mabelo akangotsegulidwa, mupite naye ayese yekha. Mutenge zokhala ndi kansalu koteteza akakolo.

Madala Nambala 5:
Pa ntchafupo mutsuke ndi madzi aukhondo ndi sopo, fumbi lonse lichoke, musamange ndi nsalu yakuda. Akusewera bwalo liti Loweruka? Ngati ndi mu Blantyre momwemuno ndibwera ndidzamuone.